Nsanja ya Mame

Tayankhani ichi, inu mwakhala apo ngati mukudziwa zonse. M'mamawa n'chofatsa, umachipinda ngati khutu la mbuzi. Masana n'chaukali, ukangochikhudza chimayoyoka n'kukuyetsemulitsa. N'chiyani? Mwalephera? Ndiye kuti ku Kasungu munangodutsa pa basi muli mtulo. Ndi tsamba la fodya wa bale likauma m'chigafa. Yankholo lisungeni, koma osalifinya, tilifuna kutsogoloku.

Pa esiteti ina kufupi ndi Kaluluma panali mayi wina, Feliya, mkazi wa tenanti. Kwawo kunali ku Phalombe, kunsi kwa phiri, kumene ukatuluka m'nyumba m'mawa umayamba wapatsana moni ndi thanthwe usanaone munthu. Kuno anapeza dziko logona chagada. Ukayang'ana uku fodya, uku fodya, kutsogolo thambo latsika lakhala pa fodya yemweyo.

Anabwera ndi mwamuna wake ndi mwana mmodzi, Gladness, kamtsikana ka mpata m'mano. Ana ena amalirira shuga, koma aka kankalirira phiri.

"Amayi, phiri lathu lija mwalisiya ndi ndani?"

Funso lomwelo m'mawa, lomwelo madzulo. Tsiku lina Feliya akusoka fodya, mwana atamukanirira pa chitenje, anangotsegula pakamwa osadziwa chimene chitulukepo.

"Tonthola iwe. Kuli dziko lina loposa kwathu. Dzina lake ndi Kuserikwamphepo."

Mwana anasiya kulira, mamina ali lende.

"Mphepo ikamawomba imachokera kumeneko, ikatopa imabwerera komweko kukagona. Kumeneko mtsinje ndi umene umatsata munthu waludzu. Nyumba zilibe zitseko chifukwa palibe amene anachoka osabwerera. Ndipo pakati pa dzikolo pali Nsanja ya Mame, malo oyera, osayandikira ndi nsapato."

"Anamanga ndani?"

"Mayi woyamba kusochera. Njerwa analibe, ndiye anamanga ndi fodya, tsamba pa tsamba, mpaka mutu wa nsanjayo unaboola mitambo. Ukakwera pamwamba pake umaona kwanu, ngakhale utsi wa m'khitchini ya agogo ako. Koma imakweredwa m'mamawa basi, mame atafewetsa masamba. Masana ngakhale kutsokomola pafupi n'koletsedwa."

Kuyambira tsiku limenelo dzikolo linayamba kukula. Gladness anaikamo mbuzi zolondera zimene zimafunsa mlendo ngati wadya. Feliya anaikamo lamulo lakuti aliyense wopita kutali azing'amba kansanza pa chovala chake n'kukamanga patsinde pa nsanja. Mame akakapeza kansanzako m'mawa, ndiye kuti mwini wake ali moyo ndipo njira yakwawo sinamuiwale.

Kuseri kwa chigafa chawo kunali chulu chachikulu, phiri lokhalo limene dera limenelo linakwanitsa. Awiriwo anazikapo mikangala yakale, timitengo topachikapo fodya tija, n'kukolekapo masamba otayidwa. Gladness ankakwera pamwamba mame asanaume, dzanja pachipumi.

"Amayi, ndikuliona! Phiri lathu lavala chipewa cha mtambo!"

"Agogo ako akutani?"

"Akuthamangitsa nkhuku, agwa!"

Dzina la dzikolo sanauze munthu. Ngakhale bambo a Gladness ankangoti ndi masanje a mwana ndi mayi wake wosakula.

Koma ana amakula ngati fodya wothira feteleza kawiri. Gladness anakhala namwali, ndipo kunabwera mnyamata wa njinga yamoto wogula fodya m'midzi. Mnyamatayo atamufunsira, bambo a Gladness anakana, anakana mokweza, mawu ena amene anatuluka tsiku limenelo sabwerezedwa. M'mawa wina mphasa ya Gladness inapezeka yopindidwa bwinobwino. Feliya sanathamangire kumsewu. Anapita ku chulu, ndipo pa mkangala anapeza kansanza katsopano, kobiriwira, ka tinsomba tachikasu.

Poyamba foni inkalira, Gladness n'kuyankha mwachidule kuti ali bwino. Kenaka inayamba kuyankhidwa ndi mayi uja wa m'foni wosatopa, woti nambalayi siikupezeka. Mvula inagwa, inasiya, inagwanso, inasiyanso. Matenanti anzawo ankabwera n'kumapita, koma Feliya anakana kusuntha. M'mawa uliwonse asanalowe m'chigafa ankapita kukagwira kansanza kaja. Sanali wopusa ayi. Ankadziwa kuti mame sasankha, amanyowetsa ngakhale nsanza ya munthu wakufa. Koma dzanja linkapita lokha, ndipo likapeza chinyezi mtima unkakhala pansi mpaka madzulo.

Chaka chimene ndikunenachi, nyengo yosankha fodya ili mkati, mwamuna wake anakhala pakhonde akusisita msana.

"Amake Gladness, ine msana watha. Tikatumiza belo lomaliza, tikupita kwathu."

"Akabwera apeza ndani?"

"Akanafuna kubwera akanabwera."

"Kwathu anachokako akuyamwa chala. Njira saidziwa. Malo amene akudziwa ndi ano."

Bamboyo anangoyang'ana kumunda, ku mapesi a fodya otsala ali njo ngati anthu pamaliro. Feliya anadziwa kuti nkhani yatha. Fodya wa m'chigafa ankachepa tsiku ndi tsiku. Iye anayamba kusankha pang'onopang'ono, tsamba limodzi kulitembenuza kangapo ngati likufuna kumuuza kanthu.

Tsopano muwadziwe a Yobe. A Yobe anali dalaivala wa lole yonyamula mabelo kupita ku okushoni, ndipo nyengo zina ankanyamula katundu kuwoloka malire. Nsapato zawo zinali zosongoka, zofika pamalo eni ake asanafike. Magalasi akuda ankakhala pamutu, makiyi m'chiuno ali jegwejegwe, ambiri mwa iwo osatsegula kalikonse. Kunalibe malo amene a Yobe sanafikeko. Ukatchula Joni, anagonako. Ukatchula Dubai, anakana ntchito kumeneko chifukwa cha kutentha. Ukanatchula kumwezi, akanakuuza kuti msewu wake ndi wa maenje.

Masana ena akudikira kuti amuna amalize kudinda mabelo, anakhala pa ndowa yovundikira pakhomo pa chigafa, amayi ali m'kati.

"Inu mukuti mwayenda chifukwa munafika ku Jenda?" anatero. "Ine ndinafika mpaka Kuserikwamphepo. Nsanja ya Mame ndinaiona ndi maso angawa."

Zimene zinali m'manja mwa Feliya zinagwa. Makutu anachita ngati alowa madzi. Dzina limenelo linali lisanatulukepo pakamwa pa munthu wachitatu chibadwire chake.

Anadikira mpaka a Yobe atapita ku lole, n'kuwatsatira.

"Adalaivala, pepani. Dzina lija munalimva kwa ndani?"

"Liti, mayi?"

"La nsanja."

"Kumva? Ine sindimva zinthu, ndimaziona."

"Chonde, achimwene. Amene anakuuzaniyo ndi wamkazi? Ali kuti?"

A Yobe anatembenuka n'kuona kuti amuna okweza mabelo aima, makutu ali tcheru. Anakonza magalasi pamutu.

"Mayi, mukufuna kunena kuti ndine wabodza? Ndati ndinapitako ndekha. Dizilo anandithera panjira, ndinamalizira wapansi."

Analowa m'lole, chitseko phwa, fumbi kobo. Feliya anatsala ataima pamsewu, mpaka fumbilo linamugwera m'mutu lonse.

M'mawa mwake, nkhungu ili mbuu, fodya atafewa bwino, amayi anakhala pansi kusankha. Pambali pa Feliya panali Anesi, mayi wa konkuno ku Kaluluma, wamasiye, wa pakamwa posatseka ngakhale m'tchalitchi.

"Amake Gladness, mwasakaniza wofiira ndi woyera. Maso mwaasiya kunyumba?"

Feliya anayesa kuseka, koma m'malo mwa kuseka kunabwera misozi. Ndipo anaulula zonse, za mwana wolirira phiri, za dziko lopeka, za chulu, za kansanza. Amayi onse anasiya ntchito. Ambiri mwa iwo anali ndi kwawo kumene anakusiya, wina ku Dedza, wina ku Mangochi, ndipo palibe anaseka za nsanja yoonetsa utsi wa kwanu.

Anesi anapukuta m'maso ndi ngodya ya chitenje, kenaka anamenya ntchafu.

"Nadi? Ndiye kuti tambala uja wakwera nsanja imene munaimanga inu ndi pakamwa?"

"Ine zoseka ndilibe, asisi. Ndikungofuna anene kumene anamva. Ndinamupempha, wakana."

"Yayi, mama, munalakwitsa. A Yobe sapemphedwa. Mukawapempha amatupa. Amenewa timawathirira mpaka atalike okha, aone okha kuti pansi patalika. Abwera mawa masana. Inu mudzangokhala chete mpaka ndidzakutsinzinireni."

Mawa linafika. Dzuwa linakwera, fodya m'chigafa anauma gwa, wosagwirika, ndipo amayi anakhala pamthunzi kudikira kuti kuzizire. Lole inalira, nsapato zinatsika, a Yobe n'kutsatira.

"Odi odi, alendo athu oyenda!" anatero Anesi, akupukuta ndowa ija ndi chitenje. "Khalani apa, bambo. Ife usiku sitinagone, kuganiza za nsanja ija. Tatiuzani bwino, ife anthu ongofika ku Jenda."

A Yobe anakhala, mwendo pamwamba pa unzake.

"Mufuna kudziwa chiyani?"

"Yamangidwa ndi chiyani? Simenti?"

"Simenti! Mwaona umphawi wa maganizo? Fodya, mayi. Fodya yekhayekha, wouma, wa giredi yapamwamba, kuchokera pansi mpaka m'mitambo."

Feliya anagwira pachifuwa. Anali mawu ake enieni, atayenda ulendo wautali n'kubwerera atavala nsapato zosongoka.

"Ha! Ndiye inu munangoionera patali?"

"Ine? Ndinakwera mpaka pamwamba."

"Nthawi yanji, bambo?"

"Masana ngati ano, dzuwa lili paliwombo. Munthu wanzeru amakwera kukuwala, kuti aone patali."

Mayi wina wa ku Dedza analuma chitenje. Wina anayamba kutsokomola chifuwa chimene analibe. A Yobe, paja fodya ankamudziwa ali m'chiguduli basi, atadindidwa kale, anaona ngati amayiwo agoma.

"Ndi nsapato zomwezi?" anafunsa Anesi.

"Zomwezi. Ndinkaponda gu, gu, gu."

"Mbuzi zolondera sizinakuletseni?"

A Yobe anaphethira pang'ono. "Mbuzi? Eee, mbuzi zija. Zinandidziwa. Ina inandichitira sailuti."

"Abale inu! Tationetsani mmene munkagwirira pokwera." Anesi analowa m'chigafa, n'kubwera atanyamula mkangala wa fodya wouma mosamala ngati khanda. "Nayu fodya. Gwirani ngati muli pa nsanja."

A Yobe anaimirira, anakwinya malaya m'mikono, n'kugwira masambawo ndi manja onse awiri. Phwanyu! Fodya anayoyoka ngati chimera, fumbi lake n'kukwera molunjika m'mphuno. Anayetsemula kamodzi, magalasi anatsika pamphuno. Anayetsemulanso, magalasi anagwa pansi.

"Mwafika pamwamba, bambo, kapena mukadali panjira?" anafunsa Anesi.

Amayi anagwa chagada ndi phwete. Amuna odinda mabelo anasiya jeke n'kubwera, bambo a Gladness ali nawo. Koma a Yobe sanali munthu wogwa ndi chibakera chimodzi.

"Fodya wakumeneko ndi wina," anatero akupukuta misozi. "Wolimba ngati lata. Inu simungamvetse."

Apo Anesi anatsinzinira Feliya. Feliya anaimirira. Iye sankaseka.

"Adalaivala, kansanza munamanga?"

"Kansanza?"

"Aliyense wofika pa nsanja amang'amba chovala n'kumanga patsinde."

"Oo, ako. Ndinamanga. Ka malaya a ku Joni."

"Tiyeni mukatisonyeze."

"Mayi, mukudziwa kutalika kwake? Dizilo yekha..."

"Tiyenda wapansi. Madzi ali pamotowo tiwapeza asanawire."

Anatsogola, anthu onse pambuyo, a Yobe pakati ngati mbuzi yopita kumsika. Anazungulira chigafa n'kuima. Chulu chinali pomwepo, udzu wouma m'mbali, mikangala yakale yodyedwa ndi chiswe, ndi kansanza kamodzi kofwifwa, tinsomba take tosaonekanso bwino.

"Nayi Nsanja ya Mame," anatero Feliya. "Kuserikwamphepo ndi kuno, kuseri kwa chigafa. Ndinapeka ine kuti mwana wanga asiye kulirira phiri, iye n'kuikamo mbuzi. Dziko lonse lapansi odziwa dzinali tinali awiri. Winayo ndi mwini kansanza aka, ndipo sindidziwa ngati ali moyo. Mabelo akatha ine ndikupita ku Phalombe, akadzabwera adzapeza chulu chokha. Ndiye ndikufunsaninso, achimwene. Munamva kwa ndani?"

Ngakhale makiyi a m'chiuno anakhala chete. A Yobe anayang'ana chulu, anayang'ana kansanza, anayang'ana nsonga za nsapato zawo.

"Ku Lundazi," anatero ndi mawu ang'ono, osazolowereka pakamwa pawo. "Pamene timaimika malole, kuseri kwa msika. Pali mayi wogulitsa tiyi ndi zitumbuwa. Ndinkamwa tiyi, iye akusambitsa kamwana kake m'beseni. Kankalira, ndiye ankakasimbira zimenezi. Ine ndinangotola."

"Wooneka bwanji?"

"Woonda, wamtali. Akaseka ali ndi mpata m'mano."

Feliya anakhala pansi pomwepo, pa dothi.

"Mwamuna wake?" Amene anafunsa anali bambo a Gladness, ndipo mawuwo anatuluka ngati akukoka chitsa.

"Sindinaonepo mwamuna. Ali yekha ndi mwanayo. Kamtsikana, kolongolola. Kanafunsa kuti, amayi, ku nsanjako tidzapita liti? Iye anati, agogo ako aamuna akadzafewa." A Yobe anakanda m'mutu. "Ndipo ndakumbuka. Pokatulutsa m'madzi anati, imirira bwino, Feliya."

Feliya anatambasula dzanja n'kugwira kansanza kaja. Kanali kouma, kotentha ndi dzuwa la masana, ndipo kwa nthawi yoyamba zimenezo sizinamuopse. Anangokagwira, milomo ikuyenda yokha, kuyesa dzina lake lomwe ngati la mlendo.

Bambo a Gladness anatembenukira kumunda, anthu akungowaona msana. Kenaka anagwira m'munsi mwa malaya awo antchito, anang'amba kansanza, n'kupita kukamanga pa mkangala pambali pa kobiriwira kaja. Zala zinkawavuta, mfundo anaibwereza.

"Phalombe adikire," anatero osayang'ana munthu. "Adalaivala, ku Lundazi mupitanso liti?"

"Sabata yamawa, ndi soya."

"Kutsogolo kuli malo a anthu awiri?"

"Alipo, bambo."

Mukuganiza kuti a Yobe anaphunzirapo kanthu? Simukuwadziwa. Atangoona kuti anthu akuwayang'ana ndi maso abwino, chifuwa chinayambanso kufufuma ngati mandasi m'mafuta. Anakoka mpweya, makiyi anayambiranso kulira.

"Mwaona? Mwanayo ndakupezerani ndine. Apolisi akanatha? Wailesi ikanatha? Ine ndinadziwa kuyambira tsiku loyamba, ndimangofuna ndikuyeseni. Ndipo kunena zoona, nsanja ngati iyi ine ndimakwera ndi mwendo umodzi."

"Bambo, nsapato," anachenjeza Anesi. "Ndi malo oyera."

"Komanso ndi masana," anawonjezera mayi wa ku Dedza uja.

A Yobe anali atayamba kale. Gu, gu, gu, mpaka pamwamba. Anaima, dzanja limodzi m'chiuno, lina pachipumi.

"Mukuona kwanu?" anafuula Anesi.

"Ndikuona mpaka ku Joni!"

Pomwepo dothi la pamwamba, limene chiswe chinali chitalidya m'kati, linangoti fwaa. Mwendo wa a Yobe unalowa mpaka m'bondo. Anakoka, chulu chinakana. Anakokanso mwamphamvu, mwendo unatuluka, koma nsapato inatsala m'dziko la Kuserikwamphepo. Anatsetsereka ndi matako mpaka pansi, n'kuima pamaso pa anthu onse ndi nsapato imodzi, kwinako sokosi yobooka, chala chachikulu chili panja chikuyang'ana anthu.

"Ndi mwendo umodzi ndithu, sananame!" anatero Anesi. "Isiyeni nsapatoyo, bambo, ndiyo kansanza kanu. Tizidzaigwira m'mawa kuona ngati muli moyo."

Anthu anaseka mpaka nkhuku zinathawa kuseri kwa chigafa. Amuna anagwirana mapewa, amayi anagubuduka pa udzu, bambo a Gladness anaseka akugwira msana wawo wowawa. Ndipo pansi pa chulu, kansanza kali m'manja, misozi ili mbwembwembwe, Feliya naye anaseka, kuloza chala cha a Yobe chimene chinkayesa kubisala pansi pa phazi linzake.